Ndemanga: Bulfinch's Mythology, buku lomwe ndinagula chifukwa cha manyazi

Ndinene chilungamo poyambirira pomwe, bukuli sindinaligule chifukwa choti ndine munthu wokonda za Agiriki ayi, ndinaligula chifukwa mwana anandiyalutsa. Mwana wa achemwali anga yemwe tikukhala naye pakhomo pano ali Fomu 4, nde tsiku lina madzulo wakhala pakhonde ndi Macbeth wake nkungondifunsa kuti amalume, kodi Bellona ndi ndani, nanga bwanji akuti Macbeth ndi mkwati wa Bellona pomwe mkazi wake timamudziwa kale ndi Lady Macbeth, kapena anali wamitala? Ine amene ndimayenda monyang'wa kuti English ndinaikhoza bwino nthawi yanga ndinangoti kukamwa yasa, kenako nkumuuza kuti mafunso enawa ngotayitsa nthawi, kaone ngati nyemba zapsa. Koma usiku onse zinandisowetsa mtendere, chifukwa zoona zake nzoti ifenso mayina oterewa tinkangowalumpha ngati chithaphwi, aphunzitsi ankati musavutike nawo lowezani ma theme ndi ma character basi mayeso mukhoza. Tinakhozadi, koma zambiri zomwe Shakespeare ankanena zinangotidutsa.

Patatha masabata awiri ndili mtauni ndinaona bukuli pa kaunjika wa mabuku, kwa mnyamata wina woyala pansi pafupi ndi depoti, lili pakati pa mabuku a accounting ndi ma novel achikondi aja a zikuto zofiira. Anayamba ndi K10,000, tinanenerera mpaka K6,500, ndipo ndikukhulupirira akanatsitsabe chifukwa fumbi lomwe linali pachikuto limasonyeza kuti lakhalitsa pamenepo popanda olifunsa.

Wolemba wake ndi Thomas Bulfinch, munthu wa ku Boston ku America, anabadwa 1796 namwalira 1867. Sanali pulofesa, anali kalaliki wa ku banki, zolembazi ankapanga akaweruka, ndipo mwina nchifukwa chake salemba ngati munthu wofuna kukuopseza ndi maphunziro ake. Gawo lomwe ndikunena pano ndi The Age of Fable lomwe linatuluka mu 1855. Kope langali anaphatikizamo mabuku ake ena awiri, la nkhani za King Arthur la 1858 ndi la Charlemagne la 1863, nde ndi chibuku cholemera ndithu, koma awiri enawo ndangowasanthula pang'ono, ndemanga yanga isawakhudze.

Chomwe chinandikopa ndi mawu ake oyamba. Mkuluyu akunena poyera kuti sakulembera akatswiri, akulembera munthu wamba yemwe amawerenga mabuku achingerezi nkumapunthwa pa mayina a milungu. Anachita kuwerengetsa kuti ndakatulo imodzi yokha ya Milton yotchedwa Comus ili ndi malo oposa 30 otchula nthano zimenezi. Ndinangoti eya, munthu uyu akundidziwa. Vuto lathu lili ngati la munthu wofika pamaliro a mudzi wa eni, ukumva anthu akutchulana mayina, ena akulira kwambiri ena sakulankhulana, koma iwe sukudziwa kuti ndani ndi m'bale wa ndani ndipo anayambana chani. Bulfinch ali ngati mkulu uja amakukokera pambali pansi pa mtengo nkukuuza kuti awo ndi a Jupiter, awo ndi akazi awo a Juno ansanje zedi, kamnyamata ka uta ako ndi Cupid mwana wa Venus, ndipo awo asakuone ukuseka. Akakufotokozera nthano, kumapeto amakuikira mizere ya alakatuli achingerezi omwe anaigwiritsa ntchito, Milton, Spenser, Byron, Keats, Shelley, Tennyson ndi ena, kuti uone wekha momwe anaitengera. Kapangidwe kameneka ndi komwe kakulipangitsa bukuli kukhala laphindu, popanda iko likanangokhala buku la nthano ngati ena onse.

Bellona ndinamupeza mu chaputala choyamba momwe, mzere umodzi basi, mulungu wamkazi wa nkhondo wa Aroma. Ndiye kuti m'seweromo akumutama Macbeth kuti pomenya nkhondo ali ngati mwamuna yemwe wakwatira nkhondo yeniyeniyo. Mitala palibe. Ndinamuuza mwana uja mmawa mwake ngati kuti ndimadziwa kalekale kkkk.

Koma nditangopeza ameneyo ndinayamba kuona kuti Macbeth yense ndi wodzaza nazo. Atapha mfumu Duncan akuyang'ana manja ake nkufunsa ngati nyanja yonse ya Neptune ingatsuke magaziwo, nkudziyankha yekha kuti ayi, dzanja lakelo ndi lomwe lingafiiritse nyanjayo. Ukadziwa kuti Neptune ndi mwini wa madzi onse a m'nyanja zikuluzikulu, mpamene umamva kulemera kwa yankho la mkazi wake loti timadzi pang'ono tikwanira. Macduff atapeza mtembo akuuza anzake kuti lowani mukaone Gorgon watsopano, ndipo Gorgon wodziwika ndi Medusa uja tsitsi lake linali njoka, aliyense womuyang'ana ankasanduka mwala mpaka Perseus anamudula mutu akuyang'anira pa chishango ngati galasi. Ndiye Macduff sakungoti nzoopsa, akuti mukaona muuma pompo ngati mwala. Palinso Hecate mkulu wa afiti aja, ndi dzenje la Acheron komwe akupangana kukakumana, womwe ndi mtsinje wa kudziko la akufa. Zonsezi ife tinkazilumpha.

Pomwe ndinakhalitsa kwambiri ndi pa nthano ya Pyramus ndi Thisbe, mu chaputala chachitatu. Mnyamata ndi mtsikana a ku Babylon, nyumba zawo zogundizana khoma limodzi, akondana koma makolo akaniza. Pakhoma paja panali kamng'alu komwe palibe anakaona kupatula iwowo, nde ankanong'onezana pamenepo, usiku nkupsompsona khomalo aliyense mbali yake. Atatopa anapangana zokakumana usiku kumanda a Ninus, pansi pa mtengo wa mabulosi oyera pafupi ndi kasupe. Thisbe anayamba kufika, nkuona mkango waukazi ukubwera kudzamwa madzi kukamwa kuli magazi okhaokha, anathawira kuphanga nkugwetsa mpango wake, mkango uja nkuutafunatafuna mpangowo. Pyramus pofika mochedwa wangoona mapazi a mkango ndi mpango wamagazi, osafufuza nkomwe, wasolola lupanga nkudzibaya. Thisbe pobwerera wamupeza akutsirizika, nayenso watenga lupanga lomwelo. Magazi awo ndi omwe anadetsa mabulosi, nchifukwa chake akapsa amada mpaka lero, ikutero nthanoyo. Ndili mwana tinkakwera mtengo wa mabulosi kuseri kwa nyumba ya agogo nkumabwera milomo ili bii, sindinkadziwa kuti kwina kuli anthu anaupekera nthano yachisoni chonchi.

Aliyense amene anawerengapo Romeo and Juliet waona kale komwe ndikupita. Makolo okaniza, kukumana kumanda, mnyamata kuganiza kuti mtsikana wafa pomwe ali moyo, kudzipha, mtsikana kutsatira. Apa ndisanamize anthu, Shakespeare nkhani ya Romeo anaitenga mwachindunji ku ndakatulo ya Arthur Brooke ya 1562, koma mafupa a nkhaniyo ndi akale kwambiri, ali kale mu Metamorphoses ya Ovid, mlakatuli wachiroma yemwe anamaliza bukulo cha m'ma 8 AD, chaka chomwe mfumu Augustus inamuthamangitsira ku Tomis m'mbali mwa Black Sea. Ndipo kuti Shakespeare ankaidziwa bwino nthanoyi umboni ulipo, chifukwa mu A Midsummer Night's Dream anaitenga yomweyo nkuwapatsa amisiri osadziwa zisudzo kuti aisewere pa ukwati wa Theseus, wina kukhala khoma, wina mwezi, wina mkango wopepesa azimayi kuti asaope. Nthano imodzi, kwina akuliza nayo anthu kwina akuseketsa nayo, ndipo masewero awiriwa analembedwa zaka zoyandikana m'ma 1590. Bulfinch naye akutchula zoti amene ali ouma mtima ofuna kuwaseka awiriwa apite ku seweroli, pamenepo ndinaseka ndekha mu minibasi anthu nkumandiyang'ana.

Juliet yemweyo akudikira usiku wa ukwati wake akulakalaka mahatchi a dzuwa atathamanga, nkunena kuti woyendetsa ngati Phaeton ndi amene akanawakwapula bwino. Kale ndinkangoona ngati kukometsa chabe. Koma Phaeton ndi mnyamata uja anakakamiza bambo ake, mulungu wa dzuwa, kuti amubwereke galeta tsiku limodzi, bambo nkumuchenjeza mpaka kutopa, iye kaniii, mahatchi nkumupulumuka, dziko nkuyamba kupsa, mpaka Jupiter anamukantha ndi mphenzi nkugwera mumtsinje wa Eridanus. Ndiye Juliet mosadziwa akuitana dalaivala wa ngozi. Anthu oonera a nthawi imeneyo omwe anapitako kusukulu ankaimva nthawi yomweyo, sinanga ana a sukulu ankaphunzira Ovid m'Chilatini, ndipo amene Chilatini chinkawavuta anali ndi Chingerezi cha Arthur Golding cha 1567.

Mayi a kunyumba ataona chikuto chili ndi chithunzi cha munthu wamapiko kumapazi anandifunsa kuti bambo, zimenezi si za satanic? Ndinawatsegulira Machitidwe 14 pomwe anthu a ku Lystra anamutcha Barnaba kuti Zeus ndi Paulo kuti Hermes chifukwa ndiye ankatsogolera kulankhula, nkuwauza kuti wamapiko kumapaziyo ndi Hermes yemweyo, Aroma amati Mercury, mtumiki wa milungu. Olo Baibulo lenilenilo pena limafuna uwadziwe anthuwa. Ndipo John Milton, munthu wopemphera kwambiri yemwe anatulutsa Paradise Lost mu 1667, ndi mlakatuli amene akutchulidwa kwambiri m'buku lonseli. Hava wake atangolengedwa akudziona m'madzi nkukopeka ndi nkhope yake yomwe, zomwe ndi Narcissus weniweni, ndipo Bulfinch waika mizereyo pansi pa nthano ya Echo ndi Narcissus kuti ufananize wekha. Chomwe chimandisangalatsa ndi ukathyali wa Milton, amafotokoza mokoma zedi momwe Mulciber, yemwe ndi Vulcan, anagwera kuchokera kumwamba tsiku lonse lathunthu mpaka kukatera pa chilumba cha Lemnos, akamaliza nkunena kuti koma Agirikiwo ankalakwitsa, ameneyu anali mngelo wogwa. Ndiwo wadya, kenako akuti sizinali zabwino.

Tsono zofooka, chifukwa zilipo ndipo si zazing'ono.

Choyamba mkuluyu anazichapa nthanozi ndi sopo wambiri. Iye mwini akuvomera kuti chilichonse chomwe anaona kuti nchosayenera pa makhalidwe abwino anachisiya. Zili ngati agogo akukusimbira nthano pamoto koma pali alendo a kutchalitchi, pofika pamalo penipeni amangotsokomola nkulumpha. Venus akungoti ena amati anatuluka mu thovu la nyanja, osanena kuti thovulo linabwera bwanji, pomwe kwa Agiriki nkhani yake ndi ya Cronus kudula ziwalo za bambo ake Uranus nkuziponya m'nyanja. Za Leda akungoti Jupiter anadzibisa ngati mbalame ija swan, basi, koma ukawerenga ndakatulo ya Yeats ya Leda and the Swan umapeza kuti ndi nkhani yogwirira, ndipo Yeats akuilumikiza ndi kupsa kwa mzinda wa Troy chifukwa mwana wobadwapo ndi Helen. Nkhani ya Philomela, mtsikana yemwe mlamu wake Tereus anamugwirira nkumudula lilime, iye nkuulula poluka nsalu, Bulfinch saifotokoza m'machaputala ake, chonsecho imeneyi ndi imodzi mwa nthano zomwe olemba achingerezi anaibwerezabwereza. Mu Titus Andronicus, Lavinia amachita kutsegula buku la Ovid pa siteji pomwepo kuti aonetse abale ake zomwe zinamuchitikira, ndipo T. S. Eliot anaibweretsanso mu The Waste Land mu 1922. Ndiye ngati ukudalira Bulfinch yekha, malo amdima a mabuku achingerezi ukhalabe mlendo. Kwa mwana wa Fomu 4 mwina nzabwino, sindinade nkhawa kumusiyira, koma munthu wamkulu pena umamva kuti akukubisira.

Chachiwiri si vuto lake koma la kalendala, bukuli linaima mu 1855. Zonse zomwe zinabwera pambuyo mulibe. Pygmalion alimo, wosema uja anakonda chifanizo chake chomwe mpaka Venus anachipatsa moyo, koma sewero la George Bernard Shaw la 1913 la dzina lomwelo uyenera kulilumikiza wekha. Maulendo a Ulysses alimo machaputala angapo ndipo ndi okoma, Cyclops, Circe, ma Siren, Penelope akuluka masana nkumasula usiku, koma James Joyce yemwe m'buku lake la Ulysses anawapanikiza onsewo mu tsiku limodzi la 16 Juni 1904 mumzinda wa Dublin anali asanabadwe. Chimodzimodzi Derek Walcott wa ku St Lucia ndi Omeros yake ya 1990 momwe Achille ndi Hector ndi asodzi, kapena kuno ku Africa komwe Ola Rotimi anamusamutsira Oedipus kwa Ayoruba, Wole Soyinka analembanso The Bacchae mu 1973, ndipo Athol Fugard, John Kani ndi Winston Ntshona anaika Antigone m'kamwa mwa akaidi awiri mu The Island. Komanso alakatuli ena omwe iye ankawaona ngati akuluakulu lero palibe amawawerenga, nde pena umapeza peji yonse ya mizere ya munthu yemwe sudzakumana naye kwina kulikonse, ine ndimangolumpha.

Mayina amagwiritsa achiroma, Jupiter osati Zeus, Minerva osati Athena, Ulysses osati Odysseus. Mwana uja zinamusokoneza poyamba chifukwa m'mafilimu anazolowera achigiriki, mpaka tinalemba mndandanda pa katoni nkumata mkati mwa chikuto. Koma pa ntchito yomwe ndinagulira bukuli izi nzothandiza, chifukwa Shakespeare ndi Milton nawonso amatchula achiroma omwewo. Chingerezi chake nchakale, ziganizo zazitali, koma sichovuta ngati cha Shakespeare, munthu wa MSCE atha kuyenda nacho dikishonale ili pambali. Machaputala akumapeto onena za Ahindu, Buddha, Thor ndi ma Druid ndi ongodutsa pamwamba ndipo akuoneka kuti analembedwa ndi munthu woonera patali, za Thor zokha ndiye ndinasangalala nazo. Africa yense ndi Egypt basi.

Zimenezo zinandipatsa maganizo ena. Keats, yemwe anatulutsa Endymion mu 1818, Chigiriki sankachidziwa, milungu yakeyo anaiphunzira m'mabuku othandizira ngati dikishonale ya Lemprière, ndipo Homer anakumana naye kudzera mu Chingerezi cha George Chapman mpaka anamulembera ndakatulo mu 1816. Ndiye palibe chochititsa manyazi kulowera pakhomo la kuseri ngati ili. Kuno kwathu Chilatini ndi Chigiriki timangomva kuti amaphunzitsa ku Kamuzu Academy ku Mtunthama, enafe a masukulu wamba sitinazione. Koma zomwe Angerezi anachita ndi Ovid ndi zomwenso Steve Chimombo anachita ndi Napolo, kutenga chinjoka cha pansi pa phiri chomwe anthu a ku Zomba amachidziwa nkunenera nacho zinthu zomwe sukanatha kuzitchula poyera. Mzungu wowerenga Chimombo osadziwa Napolo ali pamavuto omwe ine ndinali nawo ndi Bellona, kusiyana kwake nkoti iye alibe Bulfinch womufotokozera za Kaphirintiwa, Mbona ndi nkhani ya bilimankhwe uja anachedwa ndi uthenga. Wina atalemba buku lotero, nthano kenako ndakatulo zomwe zinaigwiritsa ntchito, ine ndingagule osanenerera.

Za kope lenilenilo, apa mpomwe ndadandaula. Zilembo nzazing'ono ngati nyerere, magetsi akazima kuwerengera tochi ya foni maso amachita kuwawa. Pepala ndi lopyapyala loonekera kuseri, guluu wa kumsana anauma moti nditangofika pa nkhondo ya Troy mapeji anayamba kuthothoka, ndipo ndinapeza kuti ena anathothoka kale ndisanagule, Hector akutsanzikana ndi anthu ake peji yotsatira Achilles wafa kale. Ndinabwerera kwa mnyamata uja, anangoseka nkuti bwana za kaunjika sitibweza, mukanaona kaye. Sanalakwe, nanenso ndinathamangira mtengo. Ndiye mukapeza lanu tsegulani pakati, onani manambala a mapeji, ndipo onetsetsani kuti kumapeto kuli index chifukwa popanda imeneyo bukuli theka la ntchito yake latha, sungamafufuze dzina limodzi m'machaputala oposa 40.

Mapeji osowawo ndinakawapeza pa intaneti, bukuli ndi lakale moti lili ulere pa Project Gutenberg, ka bandulo kochepa kakwana kulitsitsa lonse, ndipo pa LibriVox pali anthu odzipereka omwe analiwerenga mokweza ngati mumakonda kumvera muli paulendo. Kunena zoona ngati foni yanu ili bho simufunikanso kugula. Ine ndimakondabe la pepala chifukwa mwana akagwira foni kuti awerenge za Perseus, mphindi zisanu ali pa TikTok.

Pa 5 ndikulipatsa 4 ngati chida chothandizira kuwerenga Shakespeare, Milton ndi Keats, koma 2 ngati mukufuna nthano zenizeni momwe eni ake ankazisimbira, pamenepo pitani kwa Ovid ndi Homer omasuliridwa, Bulfinch akhale wongokulozerani njira. Kope langa lothothokali ndikulipatsa 1, ndalimanga ndi labala.

Dzulo mwana uja wabweranso, akuti amalume pali Tarquin apa pomwe Macbeth akunyang'ama kupita kuchipinda cha Duncan. Tinatsegula Bulfinch, Tarquin yemwe tinamupeza ndi mfumu ija mayi wina wolosera anaigulitsa mabuku atatu pamtengo wa asanu ndi anayi atawotcha enawo, nkhani yokoma koma si imene Macbeth akunena. Iye akunena za mwana wa mfumu yemwe analowa usiku kuchipinda cha Lucretia nkumugwirira, zomwe zinachititsa Aroma kuthamangitsa mafumu, ndipo Shakespeare anailembera ndakatulo yakeyake mu 1594. Imeneyo ndinachita kumufotokozera ndekha, mayi a kunyumba ali pomwepo akusankha mpunga, ndipo ndinazindikira kuti nanenso ndatsokomola malo awiri.